Amene Amamanga Dziko la M'filimu

[NYIMBO YOTSEGULIRA IKWERE, KENAKO ITSIKE]

MUULUTSI: Lero tili ndi ntchito imene ambirife taiona kambirimbiri, koma mwiniwake sitimudziwa.

Filimu ikatha pamayamba kuyenda mayina. Nthawi imeneyo anthu amakhala atadzuka kale m'mipando, ena akutsutsana za mmene nkhani yathera. Pakati pa mayina amenewo pamakhala la munthu wotchedwa production designer, mkulu wokonza maonekedwe a filimu. Nyumba imene mukuona kumbuyo kwa wochita sewero, penti ya pakhoma, mpando umene wakhalapo, chikwangwani cha pa golosale, kapu imene ili patebulo, zonsezi sizinangopezeka pamenepo. Pali munthu amene anazisankha. Zovala zili ndi mwiniwake, kamera ndi magetsi owunikira zili ndi mwiniwakenso, koma malo amene nkhani ikuchitikira ndi udindo wa mkulu ameneyu.

Ntchito yake imayamba kamera isanatuluke n'komwe m'bokosi. Dairekita amamupatsa nkhani yolembedwa, iye n'kukhala nayo pansi ndi pensulo. Wolemba nkhani mwina wangolemba mzere umodzi: "M'chipinda cha mphunzitsi wopuma ntchito, usiku." Kwa wolembayo zatha pamenepo. Kwa wokonza maonekedwe mafunso ndiye angoyamba. Mphunzitsiyu anapuma liti? Penshoni ikubwera kapena akuidikirabe? Akazi awo alipo, kapena anatisiya? Ngati anatisiya, makina awo osokera akadali pakona atafundika nsalu, kapena anagulitsidwa pa nthawi ya matenda? Mayankho a mafunso amenewa sadzayankhulidwa ndi munthu aliyense m'filimumo. Adzakhala pakhoma, pa shelefu ndi pansi pa bedi, ndipo inu woonera mudzawamva mumtima musanadziwe kuti mwauzidwa kanthu.

Udindowu unadziwika bwino mu 1939 ku Hollywood, pa filimu ya Gone with the Wind. Pulodyusa wake, David O. Selznick, analemba ntchito William Cameron Menzies, katswiri amene anali atalandira kale mphoto ya Oscar pa mwambo woyamba wa mphotozi mu 1929. Menzies anajambula pamanja zithunzi zambirimbiri zosonyeza mmene chochitika chilichonse chidzaonekere, mitundu yake, ndi pomwe kamera idzaime. Filimuyi inadutsa m'manja mwa madairekita atatu, woyamba anachotsedwa, wachiwiri anatopa mpaka kupumira kaye, wachitatu n'kugwirizira. Koma woonera sazindikira kuti panali kusinthana, chifukwa onsewo ankatsata zojambula za Menzies. Selznick ataona kuti ntchitoyo yaposa ya womanga wamba wa ma seti, kapena kuti malo ojambuliramo filimu, analemba pa filimupo kuti Menzies ndiye anakonza maonekedwe ake onse. Ndipo moto waukulu uja wotentha mzinda wa Atlanta m'filimuyi unali weniweni. Mu December 1938 anayatsa ma seti akale amene ankangodzaza malo kuseri kwa situdiyo, kuphatikizapo chipata chachikulu cha mu filimu ya King Kong ya 1933. Moto unajambulidwa, malo omangapo ma seti atsopano n'kupezekanso.

Koma tiyeni titsate moyo wa munthu mmodzi wa masiku athu ano, kuti tione kumene njirayi imadzera. Munthuyo ndi mayi Hannah Beachler a ku America.

Mayi Beachler anakulira ku Centerville m'chigawo cha Ohio. Bambo awo anali katswiri wojambula mapulani a nyumba, mayi awo ankakongoletsa m'kati mwa nyumba za anthu. Iwo anayamba ndi maphunziro okonza zovala ku University of Cincinnati, kenako anakaphunzira za mafilimu ku Wright State University. Atamaliza sanafikire pa mpando wapamwamba ayi. Anapita ku New Orleans n'kumagwira ntchito m'timafilimu tating'onoting'ono, tina toopseza tija, kunyamula mipando, kupachika makatani, kusakasaka katundu wakale m'masitolo a zinthu zogwiritsidwa kale ntchito. Anakhala zaka ndithu pa ntchito zoterezi. Achinyamata amene mukumvera, gawo ili la nkhani yawo musalidumphe, chifukwa ndi pamene munthu amaphunzira kulemera kwa kabati, mtengo wa ndowa ya penti, ndi nthawi imene khoma lopakidwa m'mawa limatenga kuti liume.

Mwayi unabwera atakumana ndi dairekita wachinyamata, Ryan Coogler, amene ankakonza filimu yake yoyamba, Fruitvale Station, ya 2013. Ndi nkhani yoona ya Oscar Grant, mnyamata wakuda amene anaomberedwa ndi wapolisi pa siteshoni ya sitima ku Oakland pa 1 January 2009. Ndalama za filimu yonse sizinafike madola 1 miliyoni, zomwe ku America n'zochepa kwambiri. Ndi ndalama zotere simumanga nyumba. Mumabwereka nyumba ya munthu, n'kuchotsamo zosayenera, n'kuikamo zoyenera, ndipo mukamaliza mumabwezera chilichonse pamalo pake. Mayi Beachler anagwiranso ndi Coogler pa Creed mu 2015, kenako ndi Barry Jenkins pa Moonlight mu 2016, filimu ya madola pafupifupi 1.5 miliyoni yojambulidwa ku Miami, imene inapambana mphoto ya Oscar ya filimu yoposa onse.

Kenako kunabwera Black Panther ya 2018, ndipo apa zinthu zinali zina. Dziko la Wakanda kulibe pa mapu. M'nkhanimo ndi dziko la mu Africa limene silinalamulidwepo ndi atsamunda, lolemera, lotsogola pa sayansi. Funso limene linali patebulo pa mayi Beachler linali lakuti, anthu a mu Africa akanakhala kuti anasiyidwa kumanga mizinda yawo mwa nzeru zawo, mizindayo ikanaoneka bwanji? Anapita ku South Africa kukaona mapiri, zigwa, misika ndi mamangidwe. Analemba buku la masamba oposa 500 lofotokoza Wakanda: mbiri yake, mapu ake, mitundu ya anthu ake, kumene mtundu uliwonse umakhala ndi chifukwa chake. Bukulo silinalembedwere kugulitsa. Linali la ogwira ntchito, kuti kalipentala, wopenta ndi wa pa kompyuta onse azimanga dziko limodzi. Zilembo zimene mumaona pa makoma a Wakanda anazikonza potengera Nsibidi, kalembedwe kakale ka kum'mwera chakum'mawa kwa Nigeria. Nsanja zazitali za mumzinda anazipatsa madenga ozungulira potengera nyumba zaudzu za kum'mwera kwa Africa kuno. Phompho la mathithi pamene mfumu imamenyera ufumu wake analimanga ku Atlanta, potengera miyala ya ku Oribi Gorge ku KwaZulu-Natal. Miyala ija si miyala. Ndi thovu lolimba limene amisiri analisema pamanja n'kulipenta, ndipo madzi ankapopedwa ndi makina.

Pa 24 February 2019, mayi Beachler analandira Oscar pamodzi ndi Jay Hart, amene ankayang'anira zokongoletsa ma seti. Anali munthu wakuda woyamba kusankhidwa kuti apikisane nawo m'gawoli, ndiponso woyamba kupambana, patatha zaka 90 chiyambire mphotozi. Zaka 90, omvera. Si kuti aluso akuda kunalibe. Ntchitoyi anthu amalowamo poitanidwa ndi amene akuwadziwa, ndipo amene sanaitanidwepo sangasonyeze zimene amatha. Usiku womwewo mayi Ruth Carter nawonso analandira mphoto ya zovala za filimu yomweyi.

[NYIMBO PANG'ONO]

MUULUTSI: Ngati mwangotsegula kumene wailesi yanu, tikukamba za ntchito ya mkulu wokonza maonekedwe a filimu.

Munthu ameneyu sagwira yekha. Pansi pake pali art director, amene amasandutsa maganizo kukhala mapulani okhala ndi miyeso, n'kuyang'anira kuti kumanga kuthe pa tsiku lake. Pali akalipentala, owotcherera, opaka pulasitala ndi openta. Pali wosaka mipando, makatani ndi zithunzi za pakhoma, ndi wina wosunga tinthu tonse timene ochita sewero amagwira m'manja, kaya ndi kalata, mpeni kapena botolo. Ena ntchito yawo ndi mitengo, udzu ndi maluwa basi. Palinso wolemba zikwangwani, nyuzipepala ndi mapaketi ongopeka, chifukwa dzina la kampani yeniyeni silionetsedwa mwachisawawa popanda chilolezo. Pa filimu yaikulu anthuwa amakwana mazana.

Tilowe mu seti imodzi tione. Makoma ake ndi mapulanga opyapyala okhomedwa pa mafelemu, ochirikizidwa kumbuyo. Khoma lina limachoka, kuti kamera ilowe pomwe munthu sakanaima m'chipinda chenicheni. Akalipentala akamaliza, chipindacho chimaoneka chatsopano, ndipo chatsopano ndi bodza, popeza nkhani ikuti banjali lakhalamo zaka 20. Apa ndiye pamabwera wopenta wodziwa kukalambitsa zinthu. Amatenga sanipepa n'kukhula m'mphepete mwa tebulo pamene zigongono zimatsamira. Amadetsa chitseko pafupi ndi chogwirira, pamene manja amakhudza tsiku ndi tsiku, osati paliponse. Pamwamba pa malo ophikira amapakapo mwaye, wochindikala pafupi ndi moto, wopepuka pokwera kudenga. Makalata amawanyika mu tiyi kuti achite chikasu. Pakhoma amasiya malo oyera a makona anayi, kusonyeza kuti panali chithunzi chimene chinachotsedwa. Woonera sadzanena kuti mwaye uja anaupaka bwino. Adzangokhulupirira kuti m'nyumbamo mumakhala anthu. Koma mwaye ukasowa, adzamva kuti china chake sichili bwino, ngakhale sangachitchule.

Ndiye pali nkhani ya ndalama, imene imadya theka la tsiku la mkuluyu. Bajeti sikwana, kaya filimu ndi yaikulu kaya yaing'ono. Iye amagawa ngati mayi wogawa ndiwo pa banja la anthu ambiri, kudziwa mbale yoyenera nthuli ndi yoyenera msuzi wokha. Chipinda chimene kamera idzakhalemo mphindi khumi chimalandira ndalama zambiri. Khonde limene munthu adzangodutsapo kamodzi limalandira penti yotsala. Pa Titanic ya 1997, Peter Lamont ndi gulu lake anamanga sitima yaikulu pafupifupi ngati yeniyeniyo ku Rosarito m'dziko la Mexico, koma anamaliza mbali imodzi yokha, ya kudzanja lamanja. Vuto linali lakuti pa doko la Southampton mu 1912 sitimayo inakocheza ndi mbali ya kumanzere. M'malo momanga mbali inayo, analemba zikwangwani ndi zilembo za pa zipewa za amalinyero chobwerera m'mbuyo, n'kudzatembenuza chithunzi chonse atajambula. Lamont analandira Oscar pa ntchito imeneyi.

Chitsanzo chimene ine ndimachikonda kwambiri ndi cha ku South Korea, filimu ya Parasite ya 2019, ya dairekita Bong Joon-ho. Ndi nkhani ya banja losauka limene limalowerera m'nyumba ya banja lolemera. Nyumba yokongola ija, imene oonera ambiri ankayesa kuti ilipodi mu Seoul, inamangidwa ndi Lee Ha-jun ndi anzake chifukwa cha filimuyi. Anaikonza motsata nkhani: kuti woima apa athe kusuzumira wa uko osaonedwa, kuti pansi pa tebulo pakwane anthu obisala. Dera la anthu osauka analimanga m'kati mwa thanki yaikulu ya madzi kuti adzathe kulisefukiza, ndipo zitseko ndi mawindo akale anakazitola m'madera amene nyumba zake zinali kugwetsedwa. Olemera amakhala pamtunda, zenera lawo lalikulu limayang'ana pa kapinga. Osauka amakhala m'chipinda cholowa pansi, zenera lawo limayang'ana mapazi a odutsa mumsewu. Mvula ikagwa, osaukawo amatsika masitepe, n'kutsikabe, n'kutsikabe, mpaka kukapeza nyumba yawo yamira. Kusiyana kwa olemera ndi osauka palibe amene akukulalikira m'filimuyi. Akukunena ndi masitepe.

[NYIMBO PANG'ONO]

MUULUTSI: Mwina wina akuti, zonsezi ndi za kutali, kuno kwathu zikutikhudza pati? Ntchitoyi inagwiridwapo kuno. Filimu ya The Boy Who Harnessed the Wind ya 2019, imene anatsogolera Chiwetel Ejiofor, inajambulidwa kwa Wimbe ku Kasungu, kwawo kwa William Kamkwamba, mwini nkhani ya filimuyi, amene anapanga makina amphepo ali mnyamata. Wokonza maonekedwe ake anali Tulé Peake wa ku Brazil, yemwe anagwiranso pa filimu yotchuka ya City of God ya 2002.

Nkhani ya Kamkwamba ndi ya nthawi ya njala ya 2001 ndi 2002. Zingaoneke ngati ndi dzana lomweli, koma taganizani mutaima pa tauni yaing'ono lero ndi kamera, mukufuna kuti ioneke ngati 2001. Khoma lililonse lolembedwa Airtel liyenera kupakidwa penti ina, chifukwa dzinali linafika kuno mu 2010. Timatebulo ta otumiza ndalama pa foni tichoke. Ma sola a padenga atsike kapena abisidwe. Njinga zamoto za kabaza ziime kutali. Wogula chimanga akatulutsa m'thumba K1,000 kapena K2,000, nkhani yaonongeka, pakuti K1,000 ya pepala inatuluka mu 2012 ndipo K2,000 mu 2016. Ndipo nkhani yomweyo ikufuna munda wobiriwira, munda wokokoloka ndi madzi, ndi munda wouma gwa, pamene masabata ojambulira ndi owerengeka ndipo nyengo simvera pulodyusa.

Nanga makina amphepo aja? William anawapanga ali ndi zaka 14, kuchokera ku njinga ya bambo ake, dayinamo, chikupizo cha thirakitala, mapaipi a pulasitiki ndi mitengo ya bulugama. Wokonza maonekedwe ayenera kupanga makina amene adzazungulire nthawi iliyonse dairekita akafuna, olimba moti munthu angakwerepo osagwa, koma ooneka kuti anawalumikiza mwana ndi zotola kudzala. Akakongola kwambiri, ulemu wa mwanayo wachotsedwa, chifukwa chodabwitsa cha nkhaniyi n'chakuti zinthu zotayidwa zinagwira ntchito.

Tsono apa ndinene maganizo anga. Mafilimu athu akupita patsogolo. Makamera ndi abwino tsopano, mawu akumveka, ochita sewero aluso alipo. Koma kawirikawiri malo ndi amene amatigwetsa. Nkhani ikuti mayiyu ndi wamasiye wosowa pogwira, koma akulira atakhala pa sofa yonyezimira, kumbuyo kwake kuli kabati yodzaza mbale zagalasi, chifukwa nyumba imene inapezeka yobwereka ndi imeneyo. Nkhani ikuti ndi ofesi ya bwana wa kampani, koma pakhoma pali kalendala ya chaka chatha ya mwininyumba. Ambiri amati vuto ndi ndalama. Ndalama n'zochepadi, sindikutsutsa. Koma kutulutsa kabati m'chipinda sikulira ndalama. Kubwereka mphasa, mpando wa ndalema ndi nyali ya koloboyi kwa aneba sikulira ndalama. Chimene chimasowa ndi munthu mmodzi amene ntchito yake ndi imeneyo yokha, amene sakuthamanganso ndi kamera kapena kusaka chakudya cha gulu. Anzathu a ku Zambia anationetsa mu I Am Not a Witch ya Rungano Nyoni, ya 2017. Azimayi onamiziridwa ufiti anamangidwa kumsana ndi maliboni oyera aataliatali ochokera pa zokulungira zikuluzikulu. Ndi nsalu ndi matabwa chabe, koma amene anaonera filimuyi maliboni amenewo sawaiwala.

Ndisakubisireni kuwawa kwa ntchitoyi. Si ya pamwezi. Filimu ikatha ntchito yathanso, ndipo munthu akhoza kukhala miyezi akudikira foni. Nthawi yojambula, gulu la maonekedwe limafika m'bandakucha ena onse asanafike, ndipo pamene kamera ili pa seti ya lero, iwo amakhala akumanga ya mawa. Dairekita akhoza kusintha maganizo usiku, khoma lobiriwira n'kufunika kuti pofika m'mawa likhale lofiira. Chomaliza, nyumba imene mwaimanga miyezi itatu imaphwasulidwa m'masiku ochepa. Amene amapirira ndi amene amakondadi kupanga zinthu.

Njira zolowera n'zambiri. Ken Adam, amene anakonza mafilimu angapo a James Bond kuyambira Dr. No mu 1962, anaphunzira za mapulani a nyumba, n'kuyamba ngati wojambula mapulani mu situdiyo. Ena amachokera ku zisudzo za pa siteji, ena ku ukalipentala, ena ku zopentapenta. Kuno kwathu, University of Malawi ku Zomba imaphunzitsa zisudzo ndi zojambulajambula, MUBAS ku Blantyre imaphunzitsa za mapulani a nyumba, ndipo sukulu za ntchito zamanja zimaphunzitsa ukalipentala ndi kuwotcherera. Mavidiyo a nyimbo ndi otsatsa malonda ndi malo abwino ophunzirira, chifukwa amajambulidwa pafupipafupi. Amisiri tili nawo kale m'misika yathu: okhoma ndowa, osema, olemba zikwangwani, matelala. Chofunika n'choti pakhale wina wodziwa kuwerenga nkhani n'kuwauza chimene nkhaniyo ikufuna.

Kwa inu opanga mafilimu, pempho langa ndi ili: pa filimu yanu yotsatira patulani munthu mmodzi wa maonekedwe, mumuitane tsiku lomwe mukuyamba kuwerenga nkhani, osati dzulo la tsiku lojambula, ndipo mumupatse gawo lake mu bajeti ngakhale litachepa.

Kwa iwe wachinyamata amene mtima wagunda pomva izi, usadikire kuitanidwa. Sabata ino pempha chilolezo kwa agogo kapena aneba, ulowe m'chipinda chawo ndi tepi yoyezera ndi kope. Yeza makoma, chitseko ndi zenera. Lemba chilichonse chili m'menemo, ufunse kumene chinachokera. Kenako umange chipindacho ndi katoni, masentimita 4 kuimira mita imodzi, ndipo ukachionetse kwa gulu la zisudzo la kusukulu, kutchalitchi kapena kumzikiti kwanu, uwauze kuti pa sewero lawo lotsatira malo udzakonza ndiwe.



[NYIMBO YOTSEKERA]